Mai Anderson-Morshead, Mlembi wa Mbiri ya Mishoni ya pa Nyanja

Ambiri a ife tikafunsidwa za ciyambi ca Cikristu kuno ku gombe la kum'mawa kwa nyanja, timayankha msanga. Timati Johnson anafika pamodzi ndi mnzake Janson m'caka ca 1882, timati Janson anamwalira pa Chia, timati Bishopu Maples anamira m'nyanja mu 1895. Zaka zimenezi timazichula ngati tinaziona ndi maso athu. Koma kodi anazisunga ndani? Makolo athu sanali kuwerenga zaka ndi manambala ai. Iwo anali kunena kuti caka ca dzombe, caka ca nkhondo ya Angoni, kapena nthawi imene uje anali kumsana kwa amake. Zaka za manambala zinatifika kudzera m'mabuku, ndipo buku limene linasonkhanitsa mbiri ya mishoni ya UMCA kuyambira pa ciyambi kufikira masiku a Likoma ndi Msumba linalembedwa ndi munthu wamkazi. Dzina lake ndi Anne Elizabeth Mary Anderson-Morshead. Pa cikuto ca buku analembapo zilembo zokha, A. E. M., kotero kuti ena amene analigwirapo bukuli amayesa kuti mlembi wake anali bambo.

Mai ameneyu anabadwa mu 1845, wa banja la ku Devon, kumwera ca kumadzulo kwa England. Ali mtsikana anadziwana ndi Charlotte Yonge, mlembi wochuka wa masiku amenewo, amene anali ndi kagulu ka atsikana kowaphunzitsa kulemba. Atsikanawo anali kupatsana mafunso a mbiri yakale ndi a zolemba zina, nayankha pa pepala, nkumaonetsana mayankhowo. Sukulu yake ya ulembi inali imeneyo. Sizinali za ku yunivesite ai, pakuti m'zaka zimenezo Oxford ndi Cambridge, amene dzina lao lili pa mishoni ya UMCA, sanali kupereka madigiri kwa akazi. Taonani tsono: mishoni ya mayunivesite, koma mbiri yake inalembedwa ndi munthu amene mayunivesitewo sakadamuveka mkanjo.

M'caka ca 1868 anapita ku Cape Town, ali m'gulu la amai amene Bishopu Robert Gray anawaitana kuti akathandize nchito ya mpingo pakati pa amphawi a mumzindamo. Apa ndi pamene njira yake inakumana ndi njira ya anthu a kwathu kuno, ndipo tiyenera kubwerera m'mbuyo pang'ono kuti timve bwino.

David Livingstone atalankhula ku Cambridge pa 4 Disembala 1857, kupempha kuti anthu apite ku Afrika, Bishopu Gray anali mmodzi wa anthu amene anakoleza moto kuti mau amenewo asazime. Ndiye amene anadzoza Charles Mackenzie kukhala bishopu wa mishoni yatsopanoyo, ku Cape Town komweko, pa 1 Januwale 1861. Mackenzie anakwera mtsinje wa Zambezi ndi Shire, nakhazikika pa Magomero pamodzi ndi anthu amene anawamasula m'magoli a ukapolo. Sanakhalitse. Anamwalira ndi malungo pa 31 Januwale 1862, ndipo njala ndi nkhondo zitakula, Bishopu Tozer anasamutsira mishoni ku Zanzibar mu 1864. Ena mwa ana ndi amai amene analibe kopita, Horace Waller anawatengera ku Cape Town. Pakati pao panali kamtsikana dzina lake Daoma, amene anabatizidwa napatsidwa dzina lakuti Anne. Iye analeredwa pa nyumba ya ana amasiye ya St George, pambuyo pake nakhala mphunzitsi pomwepo kwa zaka zambiri. Cotero pamene Mai Anderson-Morshead anafika ku Cape Town, nkhani ya Magomero sinali nthano ya m'buku. Anthu ake anali mumzinda womwewo, akupemphera mu mpingo womwewo. Ndiganiza kuti ndi cifukwa cake mitu yoyamba ya buku lake ili ndi kutentha kumene mitu ina ilibe.

Bishopu Gray anamwalira mu 1872. Mai uja anadzalemba buku la zikumbutso za bishopuyo, limene linatuluka mu 1905, ndipo m'menemo anasonkhanitsa zimene anthu omudziwa anali kukumbukira. Koma ife cotikhudza ndi buku lina lija, The History of the Universities' Mission to Central Africa, limene linasindikizidwa ku London mu 1897, lofotokoza zaka za 1859 kufikira 1896. Mau oyamba analemba ndi Charlotte Yonge, mphunzitsi wake uja.

Tsono nchito imeneyi anaigwira bwanji? Iye sanali mmodzi wa amishoni a pa nyanja. Anali ku England, ndipo zipangizo zake zinali mapepala. Wamishoni ali pa Likoma kapena m'sitima anali kulemba kalata usiku pa nyali. Kalatayo inali kutsika ndi nyanja, kulowa mu Shire, kufika ku gombe la nyanja yamcere, ndipo patapita miyezi inali kufika ku ofesi ya mishoni ku London. Makalata ena anali kusindikizidwa m'magazini ya mishoni yochedwa Central Africa, imene inayamba kutuluka mu 1883. Panalinso malipoti a caka ndi caka, ndi mabuku a anthu amene analemba kale, monga Henry Rowley amene anali pa Magomero. Zonsezi zinali zobalalika ngati usipa pa thandala mphepo itaomba. Wina analemba za Zanzibar, wina za Magila, wina za Masasi, wina za kuno, ndipo aliyense anali kuona cake cokha. Panafunika munthu wopirira, wokhala pansi, woyala mapepala monga mwa zaka zake, wofananitsa kalata iyi ndi iyo kuti aone ngati tsiku limene wina wachula likugwirizana ndi la mnzake.

Nchito yotere anthu saiyamika kwambiri. Timayamika amene anayenda ulendo, amene anadwala malungo, amene anafa. Koma tikumbukire kuti Luka nayenso sanaone ndi maso ake zimene analemba mu Uthenga wake. Anacita kufunsa kwa amene anaona, nalondola zonse mosamala, naziika mu dongosolo kuti Teofilo adziwe zoona zake. Ndiponso m'buku la Ezara timawerenga kuti nchito yomanga kacisi itaimitsidwa, cimene cinaimasula ndi mpukutu wa lamulo la mfumu Koresi umene anaupeza atafufuza m'nyumba yosungira zolemba. Kukadapanda munthu wina wosachulidwa dzina amene anasunga mpukutuwo, akulu a Ayuda akadangonena pakamwa, ndipo sakadamveka.

Tiyeni tione tsopano zimene mbiri imeneyi yatisungira za gombe lathu. William Percival Johnson anayamba wakhala kwa Mataka, ku Mwembe, mu 1880, koma caka cotsatira katundu wake analandidwa ndipo anacokako. Mu 1882 anabwera ndi Charles Janson, nafika pa nyanja mu Febuluwale, ndipo mwezi womwewo Janson anamwalira. Johnson anatsala yekha, nakhala kwa mfumu Chiteji, moyang'anana ndi Likoma. Iye ndiye anaona kuti midzi ya kuno ili pa mzere umodzi m'mbali mwa madzi, mapiri ali kumbuyo, ndi kuti njira yabwino yoifikira ndi ya pamadzi. Cotero anapempha sitima. Inabwera m'zidutswa, inamangidwa pa Matope, niikidwa m'madzi mu 1885, dzina lake Charles Janson. Caka comweco mishoni inakhazikika pa cilumba ca Likoma. Sitimayo inali kuyenda mudzi ndi mudzi, kusiya aphunzitsi, kubweranso kudzaona sukulu zao. Mu 1891 Angerezi ndi Apwitikizi anagawana dziko pa pepala: gombe lathu linagwa kwa Apwitikizi, Likoma ndi Chizumulu kwa Angerezi, ngakhale zilumbazo zili pafupi ndi Kobwe kotero kuti bwato limaoloka m'mawa nkubwerako tsiku lomwelo. Mu 1893 Dokotala Hine anatsegula mishoni ku Unangu pakati pa Ayao. Ndipo 1895 cinali caka ca maliro: George Atlay anaphedwa ndi Angoni m'mapiri a kuseri kwa Chiteji, ndipo pa 2 Seputembala Chauncy Maples, atangodzozedwa kumene kukhala bishopu, anamira pamodzi ndi Joseph Williams bwato lao litagubuduzika ndi mphepo. Bukuli linatuluka patangopita zaka ziwiri, misozi isanaume.

Zimenezi ndi cuma, ndipo tisacipeputse. Munthu akafuna kudziwa kuti agogo ake anabatizidwa liti, nauzidwa kuti zinacitika sitima yoyamba ikuyenda koma yaciwiri isanabwere, angathe kudziwa kuti ndi pakati pa 1885 ndi 1901, pakuti sitima ya Chauncy Maples inalowa m'madzi mu 1901. Zaka za m'buku zili ngati zikhomo zimene tingapacikepo nkhani za pakamwa za makolo athu.

Komabe ndiyenera kunena mosabisa kuti bukuli lili ndi maso a kwao. Linalembedwa kuti Akristu a ku England aliwerenge, amve cisoni, apereke ndalama ndi ana ao ku nchito ya mishoni. Cifukwa cake wamishoni ndiye ali patsogolo, ndipo makolo athu kawirikawiri amaoneka ngati khamu la anthu a mumdima amene akudikira. Wowerenga angaganize kuti mbiri ya kuno inayamba tsiku limene Johnson anaona madzi. Nanga Chiteji ufumu wake anaupeza bwanji? Nanga malinga amene midzi inamanga pothawa Angoni a kumpoto, ochedwa Magwangwara, anamangidwa ndi yani, ndipo ndani anali kulonda usiku? Nanga zombo zimene zinali kuolotsa minyanga ndi akapolo kucokera kwa Jumbe ku Nkhotakota kudza ku gombe lino, ulendo wa ku Kilwa, ndi mabanja angati amene anataya ana ao m'menemo, ndi angati amene analemera nazo? Funso lotsirizali ndi lowawa, ndipo m'midzi mwathu akulu amaliyankha motsitsa mau. Mlembi wathu sakadatha kuliyankha, pakuti m'mapepala amene anali nao munali zokhazo zimene azungu anaona ndi kufuna kulemba.

Pali cinthu cinanso cimene cimandivuta koposa. Amene analemba ndi munthu wamkazi, koma amai a kuno m'mbiri imeneyi saoneka bwino. Ife tidziwa kuti kwathu kuno mwana ndi wa kwa amake, ndipo mudzi umayenda ndi mbumba. Mphunzitsi wacilendo akafika pa mudzi, anali kudya nsima ya cinangwa imene wina anaviika, kuyanika, kusinja ndi kuphika. Mtsikana sakadalowa sukulu popanda amake ndi anamkungwi kulola, ndipo pamene anakana, anali ndi zifukwa zao. Mikangano ya cinamwali ndi ya maukwati, imene inagwedeza mpingo zaka zambiri, inali kuweruzidwa ndi amuna koma inali kukhudza amai. Paulo pomaliza kalata yake kwa Aroma anachula amai ndi maina ao, Febe, Priska, Mariya ndi ena. Makalata a amishoni sanacite cotero kawirikawiri, ndipo mlembi sangatunge madzi m'citsime cimene mulibe. Sindimuimba mlandu Mai Anderson-Morshead pa ici. Anali wokhulupirika ku mapepala ake. Kupereweraku kunali m'mapepalamo.

Mwamwai ena anadzalankhula okha. Augustine Ambali, amene anaomboledwa mu ukapolo ali mnyamata, naphunzira ku Kiungani ku Zanzibar, anatumikira ku Msumba zaka zambiri, nalemba yekha buku la moyo wake, Thirty Years in Nyasaland. Yohanna Abdallah, wansembe wa ku Unangu, amene anadzozedwa mu 1898, anacita cimene buku la ku London silikadatha: anakhala pansi ndi akulu a Ciyao, nalemba mbiri yao m'cinenero cao, Chiikala cha Wayao, ndipo inasindikizidwa ku Zomba mu 1919. Leonard Kamungu, mwana wa pa Chia pomwe Janson anafera, anadzozedwa unsembe mu 1909, napita kukalalikira ku Msoro, dziko limene lero ndi Zambia, namwalira komweko mu 1913. Mbiri ya moyo wake inalembedwanso ndi munthu wamkazi, Dora Yarnton Mills. Johnson mwini wake analemba mabuku awiri pa ukalamba wake, lina la nyanja ndi anthu ake mu 1922, lina la zikumbutso zake mu 1924. Munthu akawerenga onsewa pamodzi, amaona kuti dongosolo la zaka limene amatsamirapo ndi lomwe lija mai uja analiyala.

Iye sanalisiye buku lake litangotuluka. Analionjezera, ndipo mu 1909, pamene mishoni inakwanitsa zaka 50, linatulukanso litafika mpaka caka cimeneco. Pa nthawiyo zambiri zinali zitasintha kuno. Apwitikizi a Companhia do Niassa anali atafika pa Mtengula ndi msonkho wao, ku Kobwe kunali kutatsegulidwa sukulu ya aphunzitsi ya St Michael, ndipo pa Likoma chalichi cacikulu ca Petro Woyera, cimene maziko ake anaikidwa mu 1903, cinali citaimirira. Mai Anderson-Morshead anamwalira mu 1928, caka comwe Johnson anamwalira naikidwa ku Liuli. Wina anayenda m'mbali mwa nyanja zaka zoposa 40, wina anakhala pa tebulo, ndipo anapita caka cimodzi. Buku lake linasindikizidwanso mu 1955, ndipo wansembe A. G. Blood anapitiriza ndi mabuku ena awiri, kufikitsa mbiriyo ku 1957.

Wina angafunse kuti, abusa, bwanji mukutitayitsa nthawi ndi buku la Cingerezi la kalekale, pamene ife tili ndi akulu athu? Yankho lake lili m'zimene zinacitikira mapepala a kuno. Pepala silikhalitsa pa dziko lathu. Ngakhale boma la Angerezi, ndi nyumba zake za njerwa, linataya zolemba zake zambiri pamene maofesi a ku Zomba anapsa mu 1919. Kwathu kuno nkhondo ya ufulu inayamba mu Seputembala 1964, ndipo Kobwe anali amodzi mwa malo oyamba kumva mfuti. Caka cotsatira midzi inatenthedwa, anthu anathawira ku Likoma, ku Malawi ndi ku Tanzania, ena kuthengo. Wansembe John Paul, amene anali ku Msumba masiku amenewo, anafotokoza zimenezi m'buku lake la mu 1975. Munthu wothawa usiku amanyamula mwana ndi mphika, sanyamula kaundula wa ubatizo. Nkhondo yaciwiri, imene inatha ndi pangano la ku Roma pa 4 Okutobala 1992, inabalalitsanso zimene zinatsala. Ndipo zimene mfuti inasiya, ciswe ndi mvula yodontha padenga zikumaliza. Ine ndaonapo pa mpingo wina buku la maina a obatizidwa litasungidwa m'katoni pansi pa bedi. Potsegula, masamba a pakati anali dothi lokhalokha, maina a mbadwo wonse atadyedwa. Akulu amene akadatha kuwabwezera pamtima anali atagona kale.

Nchito yosunga zolemba m'dziko lathu la Mozambique nayonso inakhalapo m'manja mwa munthu wamkazi pa nthawi yovuta. Nyumba yosungira zolemba zakale ya ku Maputo, Arquivo Histórico de Moçambique, inakhazikitsidwa mu 1934, ndipo ufulu utabwera inaikidwa pansi pa Yunivesite ya Eduardo Mondlane mu 1976. M'zaka za nkhondo yaciwiri ija, woyang'anira wake anali Mai Maria Inês Nogueira da Costa, amene anagwira nchito yaikulu yolongosola mapepala a Companhia de Moçambique, kampani imene inalamulira dera la Beira kufikira 1942. Pa nthawi yake nyumbayo inayamba kutulutsa magazini yochedwa Arquivo mu 1987, imene nthawi zina inali kutenga cigawo cimodzi ca dziko, monga Tete kapena Cabo Delgado, nkufotokoza mbiri yake. Zimenezi zinali kucitika pamene misewu inali yotsekeka ndipo pepala lenileni linali losowa.

Ndipo kusowa kwa mau a amai kuja, wina anayesa kukukonza. Mai Helen Van Koevering, amene anakhala zaka zambiri kuno ku Niassa, analemba buku la amai a Cinyanja a m'mbali mwa nyanja mu mpingo wa Anglikani, Dancing Their Dreams, limene linasindikizidwa ku Zomba mu 2005. Njira yake inali yotembenuza ya mai woyamba uja. Uyo anayamba ndi mapepala a ku London; uyu anayamba ndi amai eni ake, zimene iwo amanena za moyo wao ndi za cikhulupiriro cao. Pakati pa mabuku awiriwa pali zaka 108.

Nanga makalata aja amene anatsika ndi Shire, amene Mai Anderson-Morshead ndi anzake a ku ofesi anali kuwerenga, ali kuti? UMCA inaphatikizana ndi bungwe lina la mishoni mu 1965, nipanga USPG, ndipo mapepala ake akale anaperekedwa kuti asungidwe ku Oxford, m'manja mwa nyumba ya mabuku ya Bodleian. Kumeneko ali m'mabokosi, pouma, popanda ciswe. Mwana wa ku Ngoo kapena wa ku Chia amene afuna kuwerenga zimene zinalembedwa za mudzi wa agogo ake ayenera kupeza pasipoti, viza ndi ndalama za ndege, ndiponso kalata yomulola kulowa m'cipinda cowerengeramo.